Mabiringanya oika nyama yogaya ndi mpunga m'kati: kaphikidwe ka pa mbaula

Funso ili lakhala likundipeza paliponse: pa mjigo, potuluka ku mapemphero, pa zinkhoswe tikusenda anyezi, ngakhale pa foni usiku ana atagona. "Mabiringanya aja munaphikira alendo tsiku lija, mumatani kuti mpunga upse m'kati koma khungu osaphwanyika?" Ndimafotokoza, munthu n'kuvomera kuti wamva, patapita masiku awiri n'kuimbanso: mpunga unali gwa, kapena pansi panapserera, kapena zonse zinangosanduka phala. Ndazindikira kuti pofotokoza pakamwa ndimalumpha tinthu tina timene manja anga anazolowera kalekale. Ndiye lero ndakhala pansi kuti ndilembe kamodzi, kuyambira pa msika wa Kamuzu Road mpaka chakudya chifike m'mbale.

Ambiri ophunzitsa chakudyachi amangoti "ikani mu uvuni kwa mphindi 40" n'kuthera pomwepo. Kuno ku Salima ambirife uvuni wathu ndi mbaula, ndipo amene ali ndi kuka amadziwa kuti magetsi atha kuthima poto ali pamoto. N'chifukwa chake ndikhalitsa pa nkhani ya makala tikafika kumeneko.

Musanagwire mpeni, mvetsani ichi. Mu poto ameneyu muli zinthu zitatu zimene sizipsa nthawi imodzi: biringanya, nyama ndi mpunga. Akuluakulu amati liwiro la mumchenga n'kuyambira limodzi, koma izi mukaziyambitsa limodzi zili zaziwisi sizikafika limodzi. Biringanya limafewa n'kugwa mpunga usanapse, nyama imatulutsa madzi ake m'kati momwemo n'kutuwa ngati yowiritsa. Chilichonse chiyambe chayenda chokha ulendo wake, zikakumane mu poto zitatsala pang'ono kufika. Masitepe onse ali m'munsimu akuchokera pamenepa.

Za anthu anayi kapena asanu, konzani izi: mabiringanya 4 apakatikati, nyama yogaya theka la kilogalamu, mpunga theka la kapu, anyezi 2 akuluakulu, matimati 7 akupsa bwino, mbatatesi 3, timagawo 4 ta adyo, jinja wotalika ngati nsonga ya chala, tsabola wobiriwira wosawawa 1, supuni ya tiyi imodzi ya curry, mafuta ophikira pafupifupi masupuni akuluakulu 7, mchere, ndimu limodzi, ndi kambuzi kwa amene amamukonda. Nsinjiro masupuni 2 ngati zilipo. Ngati mukufuna kudya cha m'ma 7 koloko, yambani 4 koloko ikangodutsa.

1. Sankhani mabiringanya ndi dzanja

Ndikunena mabiringanya ofiirira aja, ena amati mabilingano, osati zimphwa. Zimphwa n'zazing'ono, mulibe malo oikamo kanthu. Funani otalika ngati chikhatho chanu kuyambira pa mfundo ya dzanja mpaka ku nsonga ya chala chapakati, ndipo onse anayi akhale ofanana msinkhu kuti adzapsere limodzi.

Ambiri amathamangira lalikulu poganiza kuti mulowa nyama yambiri. Lalikulu kwambiri limakhala kuti lakalambira m'munda: njere zake n'zambiri, zolimba, zoderako, ndipo ndi zimene zimawawa. Litengeni m'dzanja. Labwino limalemera kuposa mmene likuonekera, khungu lake limanyezimira, kachipewa ka kumutu kamakhala kobiriwira. Dinani pang'ono ndi chala chachikulu. Pakabwerera msanga, tengani. Pakatsala kadzenje, lagona masiku pa benchi. Yang'ananinso ngati pali kabowo kakang'ono kakuda, makamaka pafupi ndi kachipewa, chifukwa pamenepo ndi pamene mbozi imalowera, ndipo mudzaipeza mutadula kale kunyumba.

2. Nyama

Nyama yogaya ndi imene m'mabucha amaitcha minsi. Ya ng'ombe ndi yabwino, koma ine ndimakonda ya mbuzi chifukwa fungo lake limagwirizana ndi biringanya, ndipo mbuzi kuno sizisowa. Ikhale ndi mafuta pang'ono, pafupifupi gawo limodzi mwa magawo asanu. Ya mnofu wokhawokha imauma. Ngati pa alendo anu pali abale athu Achisilamu, gulani ku bucha ya halaal, ndipo muwauze kuti mwatero, adye mtima uli m'malo.

Sankhani nthuli nokha, agaye inu mukuona. Yogaya kale imene yakhala mu beseni kuyambira m'mawa isiyeni. Chifukwa chake n'chakuti tizilombo timene timakhala kunja kwa nthuli, makina akagaya amatisakaniza m'nyama yonse, ndipo ndi kutentha kwa kuno, makamaka mu Okutobala ndi Novembala, timachulukana mofulumira. Gulani, bwererani kunyumba, phikani. Ngati mulibe firiji, musagule m'mawa nyama yogaya yodzaphika madzulo. Gulani nthuli, muidule nokha nthawi ikakwana.

Kudula nokha sikovuta. Chotsani mitsempha yoyera ija, lengulani nyama mopyapyala, idulenso mopingasa, kenako ikhapeni ndi mpeni waukulu pa thabwa mpaka tizidutswa tikhale ngati njere za chimanga kapena kucheperapo. Zimatenga mphindi 10 mpaka 15. Kunena zoona, yodula ndi mpeni imakoma kuposa ya makina chifukwa imamveka m'kamwa. Mukatha tsukani thabwa ndi mpeni ndi madzi otentha ndi sopo musanaduliremo matimati.

3. Semani mabwato

Ine theka la biringanya lokumba m'kati ndimalitcha bwato, ndipo ntchito yake ndi yofanana ndi ya osema mabwato ku nyanja: mukasiya chochindikala kwambiri n'cholemera, mukapyapyalitsa madzi alowa.

Tsukani mabiringanya, musasende. Dulani lililonse pakati m'litali, mpeni udutse pa kachipewa kuti theka lililonse litsale ndi gawo la kachipewako. Musakachotse. Ndi kamene kamagwira mutu wa bwato kuti usatambasuke ukafewa.

Gonekani theka limodzi m'chikhatho, khungu pansi. Ndi nsonga ya mpeni waung'ono lembani mzere kuzungulira, kusiya mpanda wa sentimita imodzi, kapena kuti kuchindikala kwa chala chanu chaching'ono. Kenako chekani mnofu wa m'kati mwa mzerewo mopingasapingasa ngati bwalo la bawo, mpeni osafika pa khungu. Ubwino wogwirira m'dzanja ndi wakuti chikhatho chimamva mpeni ukayandikira, koma chitani modekha, mpeni ukhale waufupi. Tsopano tengani supuni, kumbani timabokosi tija. Timachoka mosavuta.

Pamene ambiri amaboola ndi pansi pa mimba, pamene pali njere, chifukwa pamenepo m'pofewa ndipo supuni imangolowa. Kukhosi n'kolimba, kumafuna kukanikiza. Munthu akachoka kukhosi ndi mphamvu yomweyo n'kufika pa mimba, bwato waboola. Zikachitika musataye. Lengulani kachidutswa ka mnofu umene mwakumba, mudzatseke pabowopo nthawi yodzaza.

Mnofu mwakumbawo ndi ndiwo, sutayidwa. Uduleni ting'onoting'ono. Mudzaona kuti ukuyamba kuda ukangokumana ndi mpweya, ngati mmene imachitira nthochi yaiwisi yosenda. Finyirani theka la ndimu, kudako kumachepa.

4. Mchere, n'kudikira mphindi 30

Wazani mchere m'kati mwa bwato uliwonse, katsine kawiri, pakani ndi chala mpaka m'mbali. Mnofu wodula uja nawonso uthireni theka la supuni ya tiyi. Vundikirani mabwato chafufumimba pa sefa kapena pa thireyi yopendekeka kuti madzi azitsika. Pa lichero ayi, madzi a mchere amaliwononga.

Ambiri amadziwa kuti mchere umachepetsa kuwawa. N'zoona, ngakhale mabiringanya a mbewu za masiku ano sawawa kwambiri akakhala anthete. Ntchito yaikulu ya mchere pano ndi ina. Mnofu wa biringanya uli ngati siponji, uli ndi timipata tambirimbiri ta mpweya, ndipo ukauika m'mafuta wosathira mchere umamwa onse m'kanthawi kochepa. Munthu amaona chiwaya chauma, n'kuwonjezera, n'kuwonjezeranso, botolo n'kutsika. Mchere umakoka madzi, timipata tija timafota, mafuta salowanso kwambiri.

Mphindi 30 zikakwana mudzaona timadontho toderako. Tsukuluzani mabwato mwachangu, apukuteni ndi kansalu koyera mpaka aume. Mnofu wodula uja ufinyeni m'manja mwamphamvu ngati mmene timafinyira masamba a nkhwani.

5. Mpunga upse theka lokha

Chitani izi pamene mabwato akudikira mcherewo. Petani, sankhani timiyala ndi mankhusu, tsukani mpaka madzi ayere. Wa Faya kapena Kilombero ndi wabwino chifukwa cha fungo. Ine ndimagula wa ku Lifuwu kwathu konkuno. Ndipo musachite manyazi ndi mpunga wosweka, wotchipa uja. M'chakudya ichi ndi umene umagwirana bwino ndi nyama.

Wiritsani madzi ambiri, makapu 4 kapena kuposa, thirani mchere pang'ono, ikani mpunga madzi akubwadamuka. Wathunthu mphindi 7, wosweka mphindi 5. Mpunga watsopano, wongokolola kumene cha mu Meyi ndi Juni, umafewa msanga kuposa wogonera, ndiye muziuyesa nthawi isanakwane. Kuyesa kwake: tengani njere imodzi, ikanikizeni pakati pa chala chachikulu ndi chamkombaphala. Iphwanyike, kunja kukhale kofewa, pakati patsale kamtima koyera kolimba. Mukaona kamtimako, khuthulani madzi nthawi yomweyo, yalani mpunga pa mbale yaikulu kuti uzizire.

Ine ulendo woyamba ndinaika mpunga wosawiritsa, tsiku limene apongozi anga anabwera kuchokera ku Nkhotakota, anthu odziwa mpunga. Ndinadikira ola lathunthu ndi theka kuti upse. Pamene unkapsa n'kuti mabwato onse atagwa, ndipo ndinapakula ndi chipande ngati ndiwo zotendera. Kuyambira tsiku limenelo sitepe iyi sindiilumpha. Mbali inayo nayo ili ndi vuto lake: mukaika wopsa kale, wotsala masana, umasanduka phala. Ngati ndi umene muli nawo, chepetsani nthawi ya nthunzi imene ndifotokoze kutsogoloku ndi theka.

Mapira nawo amatheka, ndipo amakoma, koma ndi ouma mutu. Anyikeni usiku wonse, muwawiritse pafupifupi ola mpaka atsale pang'ono kupseratu, chifukwa nthunzi ya mu poto yokha singawafewetse.

6. Fewetsani mabwato

Pakani mafuta ndi zala m'kati ndi m'milomo mwa bwato uliwonse, theka la supuni ya tiyi likukwana. Tenthetsani chiwaya, agonekeni chafufumimba mphindi 4 mpaka milomo ifiire. Atembenuzeni, thirani masupuni 2 a madzi m'chiwaya, vundikirani mphindi 3. Muchite awiriawiri kapena atatuatatu malinga ndi kukula kwa chiwaya. Bwato wokonzeka mukaufinya m'mbali umapindika koma umabwerera. Usafike polendewera.

7. Kazingani zoika m'kati

Apa moto ukhale waukali. Masupuni 2 a mafuta m'chiwaya, atenthe, ikani nyama, iyaleni, ndipo musaigwire kwa mphindi ziwiri kapena zitatu. Ndikudziwa kuti dzanja limayabwa kufuna kutakasa. Lekani. Nyama iyamba kutulutsa madzi n'kumawira. Mverani phokoso. Likamamveka la kubwata ndiye kuti ikuwira m'madzi ake. Madziwo akaphwa phokoso limasintha, limakhala lothetheka, ndipo fungo la nyama yootcha limayamba kumveka. Pamenepo takasani, phwanyani mibulu, isiyeninso ifiire mbali ina. Kukoma konse kwa chakudyachi kumabadwira pa kufiira kumeneku. Ngati chiwaya n'chaching'ono, kazingani kawiri, chifukwa nyama ikaunjikana siifiira.

Ikafiira, ikani anyezi mmodzi ndi theka woduladula, afewe. Wonjezerani supuni imodzi ya mafuta ndi mnofu wa biringanya mwafinya uja, mukazinge mphindi 8 mpaka 10 kufikira utafota n'kusakanikirana ndi nyama. Tsopano adyo ndi jinja wosinja, curry, ndi kambuzi ngati mukufuna, mphindi imodzi yokha, adyo akapserera amawawa. Kambuzi mmodzi wosadula, womuchotsa pambuyo, amapereka fungo popanda kuliza ana. Malizani ndi matimati 2 oduladula ndi tsabola wobiriwira, zitokote mpaka matimati asungunuke.

Phulani. Thirani mpunga uja ndi nsinjiro, sakanizani mopepuka. Nsinjiro zimamanga zonse pamodzi ndipo zipsa bwinobwino mu poto. Lawani musanathire mchere, chifukwa mnofu uja unabwera ndi wake. Zosakanizazi zikhale zonyowa koma zosayenderera: mukatapa ndi supuni n'kupendeketsa, zigwe pamodzi ngati chibuma, madzi osadontha. Zikakhala zouma n'kumayoyoka, thirani masupuni 3 a madzi otentha, chifukwa mpunga uja ukufunabe chakumwa kuti umalize kupsa.

8. Yalani poto, dzazani

Pamafunika poto wotambalala pansi, wochindikala, wa chivundikiro chachitsulo chafulati. Chivundikiro cha galasi kapena chokhala ndi chogwirira cha pulasitiki sichingatheke, poti pamwamba pake tiikapo makala. Chidutswa cha lata lopaka penti nachonso ayi.

Sendani mbatatesi, lengulani mozungulira mochindikala ngati theka la chala, yalani pansi ponse pa poto mutapakapo mafuta otsala. Pamwamba pake mwazani theka la anyezi lija. Imeneyi ndi mphasa ya mabwato. Moto ukapitirira, imayamba kulawa ndi mbatatesi, ndipo zikayenda bwino mbatatesi yomwa msuziyo ndi imene ana amalimbirana.

Palani kapena sinjani matimati 4, sakanizani ndi kapu imodzi ya madzi otentha ndi mchere pang'ono. Umenewu ndi msuzi wathu.

Dzazani mabwato ndi supuni mpaka pa milomo, pakati patukuke pang'ono. Musatsindire. Mpunga ukadafufumabe, ndipo mukaupanikiza nthunzi siidutsa, pakati pamatsala gwa ndipo bwato amang'ambika m'mbali. Ayaleni mu poto moyandikana, wina mutu uku wina mutu uko, monga amayalira chambo pa thandala, kuti azitsamirana. Musasanjikize. Ngati onse 8 sakukwana, phikani m'mapoto awiri kapena maulendo awiri.

Thirani supuni imodzi ya msuzi pamwamba pa bwato uliwonse. Wotsalawo tsanulirani m'mbali mwa poto, umize mbatatesi n'kukwera mpaka chigawo chimodzi mwa zitatu cha msinkhu wa mabwato. Usafike pa milomo. Lengulani tomato wotsala uja, ikani kagawo kamodzi kapena tiwiri pa bwato uliwonse kuti pamwamba pasaume.

9. Moto

Apa ndi pamene anthu ambiri amagwera, ndiye tiyende pang'onopang'ono. Moto wake uli pawiri: woyamba ndi wa nthunzi, womaliza kupsetsa mpunga, wachiwiri ndi wa pamwamba, wofiiritsa. Amene anaphikapo chigumu kapena chikondamoyo mu poto, kapena amene amaika makala pa chivundikiro kuti mpunga uume, njira akuidziwa kale. Kusiyana kwake n'kwakuti muno muli msuzi wa matimati, ndipo matimati sachedwa kumatirira pansi.

Mbaula imene mwakazingira nyama ikadali yaukali kwambiri. Musaike poto pomwepo. Panani makala ambiri, pafupifupi magawo awiri mwa atatu, muwaike pambali pa mbaula ina kapena pa phale, akhale akuyakabe chifukwa muwafuna posachedwa. Otsalawo ayaleni mozungulira m'mphepete mwa mbaula, pakati pakhale pochepa, muwawaze phulusa pang'ono. Ngati mbaula yanu ili ndi kachitseko ka mpweya, katsekeni theka. Makala akhale oti ayaka kale mpaka kuyera kunja. Makala akuda ongowonjezera kumene amayamba ndi kuzizira kenako n'kulusa nthawi imodzi, ndipo ndi amene amapsereza chakudya munthu atatembenuka.

Ikani poto, vundikirani. Ngati chivundikiro sichigwira bwino, yalani tsamba la nthochi lowaula pakamwa pa poto musanavundikire, kapena tsamiritsani mwala woyera pamwamba. Nthunzi ikamathawa, mpunga supsa.

Tsopano khutu ligwire ntchito. Pakapita mphindi zitatu kapena zinayi muyenera kumva kutokota kwa pansipansi, kosathamanga. Mukamva kubwadamuka, chivundikiro n'kumanjenjemera, moto wachuluka: chotsani makala awiri atatu. Mukapanda kumva kanthu mpaka mphindi zisanu, wachepa: kankhirani makala pakati, tsegulani kachitseko. Mukamva kuthetheka ngati mukukazinga, msuzi waphwa, thamangani ndi madzi otentha. Khalani ndi ketulo kapena kapoto ka madzi otentha pafupi. Madzi ozizira amaimitsa kuwira, ndipo mpunga woima pakati pa ulendo umavuta kupsanso.

Siyani mphindi 20 osatsegula. Kungosuzumira kamodzi, nthunzi imene imapsetsa mpunga wa pamwamba yapita. Chimene mungachite ndi kutembenuza poto pang'ono mphindi zisanu zilizonse, kuti mbali imene inali kumphepo ipite kwina. Izi n'zofunika kwambiri nyengo ya mwera, cha mu Juni ndi Julayi, pamene mphepo imakoleza mbali imodzi ya mbaula ina ikugona. Tchingani mphepo ndi lata kapena phikirani kuseri kwa khoma. Koma musalowetse mbaula m'nyumba yotseka mazenera pothawa mwera. Mpweya wa makala sununkha, suoneka, ndipo umapha anthu. Khonde kapena khitchini ya panja ndiye malo ake.

Mphindi 20 zikakwana tsegulani, chivundikiro muchipendeketsere kumbali kuti madzi ake asagwere pa chakudya. Tapani pang'ono pakati penipeni pa bwato waukulu kuposa onse, lawani mpunga. Ngati kamtima kaja katha, pitirirani. Ngati kakadalipo, thirani supuni ya madzi otentha pa bwato uliwonse ndi theka la kapu m'mbali, vundikirani mphindi zina 10. Musaike makala pamwamba mpunga usanapse. Moto wa pamwamba umaumitsa, ndiye njere imene inali yolimba imalimbiratu. Ambiri amene amandiimbira kuti mpunga unali gwa, ndikawafunsitsa, ndimapeza kuti anaika moto pansi ndi pamwamba kuyambira pachiyambi monga amachitira ndi chigumu.

Yang'ananinso msuzi. Ukhale utatsika mpaka pa mbatatesi, wokhuthala koma ulipo. Ngati wachuluka, siyani poto chitsegulire mphindi zochepa.

Tsopano moto wachiwiri. Chotsani tsamba la nthochi ngati munaika, pukutani kunsi kwa chivundikiro, vundikirani mosiya kampata kakang'ono kuti nthunzi izituluka. Pansi siyani makala atatu kapena anayi okha. Ena onse aja munaika pambali ayaleni pa chivundikiro, ambiri m'mphepete, ochepa pakati. Mukaunjika pakati, mabwato apakati amapserera a m'mbali ali otuwa. Mphindi 12 mpaka 15. Pakadutsa mphindi 8 mutha kuona: yambani mwakankhira makala ndi phulusa kutali ndi m'mphepete, nyamulani chivundikiro chili chafulati ndi nsalu yochindikala kapena pulayazi, chifukwa phulusa likagwera pa mpunga silichoka. Mukufuna kuona tomato wa pamwamba atakwinyika, nsonga za mpunga ndi nyama zitafiira, khungu la biringanya litachita makwinya. Bayani ndi foloko kukhosi, pafupi ndi kachipewa, pamene pamachedwa kupsa. Ikalowa ngati mu nthochi yakupsa, phulani.

Mphuno nayo imathandiza. Fungo la matimati okazinga ndi nyama ndi labwino. Mukamva kafungo kowawira, chotsani poto pa mbaula nthawi yomweyo, mumuike pansi pozizira, makala a pamwamba apitirize okha. Musapale pansi ndi supuni, mungasakanize chopsereracho ndi msuzi wonse.

Amene muli ndi uvuni: madigiri 180, mphindi 25 mutaphimba ndi foyilo, kenako mphindi 15 mutachotsa. Kuyesa mpunga pakati n'chimodzimodzi. Pa nkhuni zimathekanso, koma dikirani malawi athe, mugwiritse ntchito makala a nkhunizo.

10. Kupakula

Musapakule pomwepo. Siyani mphindi 10 chivundikiro chili chotsegula pang'ono. Bwato wongochoka pamoto ndi wofooka, ukaziziranso pang'ono umalimba ndipo zam'kati zimagwirana. Pakulani ndi chipande chafulati, mulowetse pansi pa mbatatesi kuti bwato ukwere ndi mphasa yake. Thirani msuzi pambali, finyirani madontho a theka la ndimu lija. Ndimu musaiwale, imadzutsa kukoma kwa biringanya.

Mabwato awiri ndi mbatatesi zake amakhutitsa munthu wamkulu. Komabe ndikudziwa kuti m'makomo ambiri, kuphatikizapo mwanga, pali ena amene chakudya chopanda nsima sachiwerengera. Aphikireni ka mtanda kamodzi, bwato ukhale ndiwo, palibe cholakwika. Apongozi anga aja masiku ano amadyera kondowole. Pambali ikani mpiru kapena bonongwe wofwafwaza, kapena matimati ndi anyezi zaziwisi zothira mchere.

Za zotsala, samalani. Mu mpunga mumakhala tizilombo tina timene sitifa pophika, ndipo mpunga wophika ukakhala pofunda maola ambiri timachulukana n'kusiya poizoni amene kutenthetsanso sikumuchotsa. Muno mulinso nyama yogaya. Ngati muli ndi firiji, ikani zikangozizira, pasanathe maola awiri, mudye mawa lake mutatenthetsa mpaka pakati patuluke nthunzi. Ngati mulibe, musagoneke mu poto kuti ana adzadye m'mawa, usiku wa ku Salima ndi wofunda kwambiri. Phikani mabiringanya awiri m'malo mwa anayi, kapena mabwato otsalawo muwaike m'mbale, mwana akapereke kwa aneba usiku womwewo akadali ofunda.